Boma likalanda malo a mafakitale amene sanamangidwe: mafunso ndi mayankho

Aliyense amene amayendayenda ku Kanengo mu Lilongwe, ku Chirimba kapena ku Maone mu Blantyre, ngakhalenso ku Luwinga mu Mzuzu, anaonapo izi: mbali ino fakitale ili pakalapakala, magalimoto akuluakulu akulowa ndi kutuluka, koma poyandikana nayo pali poloti yotchingidwa ndi mpanda wa njerwa, m'kati mwake muli thengo, kanyumba ka mlonda ndi mizere ingapo ya chimanga. Poloti yotereyi ili ndi mwini wake papepala. Unduna wa za Malo ukachenjeza kuti ulanda malo amene sanamangidwe, eni ake amadzidzimuka, ndipo mafunso amene amafunsa ndi awa.

Kodi boma lili ndi mphamvu yolanda malo amene linapereka lokha?

Inde, lili nayo. Gawo 207 la malamulo aakulu a dziko lino limanena kuti nthaka yonse ya Malawi ili m'manja mwa dziko. Boma likapatsa munthu kapena kampani poloti ya fakitale, kawirikawiri limapereka lizi, kutanthauza kuti munthuyo wabwerekedwa malowo kwa zaka zotchulidwa, zimene kwa mzika zimafika mpaka 99. Lizi ndi pangano la mbali ziwiri. Boma limapereka malo, wolandira amalonjeza kuti achitapo zakutizakuti. Lonjezolo likasweka, mwini nthaka ali ndi ufulu wolowanso pamalopo ndi kuthetsa lizi. Maloya amati re-entry. Lamulo la za malo la 2016, limene linakonzedwanso mu 2022, ndilo maziko a mphamvu imeneyi, pamodzi ndi zimene zalembedwa m'lizi ya munthu aliyense.

Si Unduna wokha umene umagawa malo m'mizinda. Makhonsolo ndi Malawi Housing Corporation nawonso ali ndi malo awo, ndipo mapangano awo amakhalanso ndi mfundo zoti poloti imangidwe pa nthawi yake.

Koma ine ndinalipira ndalama zonse zimene anandiuza. Malowo si anga?

Kulipira ndi mfundo imodzi chabe mwa zingapo. Anthu ambiri amasunga malisiti mosamala kwambiri koma kalata imene inabwera ndi malisitiwo sanaiwerengepo mpaka kumapeto. M'kalatamo ndi mmene muli nthawi yoyambira kumanga, mtundu wa nyumba yoyenera kumangidwa ndi ntchito imene malowo aperekedwera.

Palinso kusiyana pakati pa offer letter ndi lizi yolembetsedwa m'kaundula wa za malo. Offer letter ndi kalata yonena kuti boma lavomera kukupatsani malo mukakwaniritsa zimene lalemba. Amene ali ndi kalata yokhayo, ndipo sanamalize kulipira kapena sanakatenge lizi, waima pofooka kwambiri, chifukwa kalatayo itha kungochotsedwa mphamvu. Akuluakulu anati fodya wako ndi amene ali pamphuno, wa pachala ngwamphepo.

Mfundo zimene munthu amavomera polandira poloti ya fakitale ndi ziti?

Zimasiyana malinga ndi amene wapereka malowo, koma zodziwika ndi izi. Kulipira development charges, zimene ndi ndalama zothandizira msewu, ngalande ndi zina zotere. Kulipira renti ya malo chaka ndi chaka, ndiponso msonkho wa khonsolo. Kupereka mapulani kuti komiti yoona za mapulani a mzinda iwavomereze musanakumbe maziko, monga limanenera lamulo la Physical Planning la 2016. Kuyamba kumanga ndi kumaliza pa nthawi yotchulidwa. Kugwiritsa ntchito malowo pa cholinga chimene anaperekedwera. Kusagulitsa, kusagawa ndi kusabwereketsa popanda chilolezo cha mwini nthaka. Mafakitale ambiri amafunikanso chilolezo cha bungwe loteteza chilengedwe la MEPA asanayambe.

Mfundo ya cholinga ndiyo imene anthu amaipeputsa. Wina anapempha malo ponena kuti ayenga mafuta a soya, koma lero pali malo ochitira maukwati kapena nyumba zalendi. Ngakhale zomangazo zikhale zokongola, pangano laswekabe ngati sanapemphe chilolezo chosintha ntchito ya malowo.

Munthu amapatsidwa zaka zingati?

Nthawi imene imatchulidwa kawirikawiri ndi zaka ziwiri. Koma musadalire zimene mnzanu anauzidwa. Tengani kalata yanu ndi lizi yanu, muone tsiku limene nthawiyo inayamba kuwerengedwa.

Ndinamanga mpanda, ndinaika mlonda, ndinathira mchenga ndi miyala. Chimenecho si chitukuko?

Ayi. Mpanda umateteza malo, sutukula malo. Chimene oyendera malo amafuna kuona ndi nyumba imene ili pamapulani ovomerezeka, ikumangidwa ndipo ntchito ikuyenda. Maziko amene anakumbidwa zaka zisanu ndi zitatu zapitazo, zitsulo zake zachita dzimbiri ndipo pakati pamera mitengo, ndi umboni woti ntchito inaima, osati woti ikuchitika. Ena amati akamva mphekesera zoti boma likubwera amathamangira kukaimika kontena ndi kulembapo dzina la kampani. Zimenezi zimangosonyeza kuti mwini wake akudziwa bwino lomwe kuti walakwa.

Ngati ndikulipira renti ya malo mokhulupirika, boma likutaya chiyani poloti yanga ikakhala yosamangidwa?

Likutaya zambiri, ndipo amene akutaya kwenikweni si boma koma anthu. Malo oyenera fakitale ndi ochepa kwambiri kuposa mmene amaonekera pamapu. Fakitale imafuna msewu wolimba woti thiraki ya matani 30 idutse nthawi ya dzinja, magetsi amphamvu, madzi okwanira, ngalande, ndipo ngati n'kotheka njanji pafupi. Kanengo anasankhidwa dala kukhala dera la mafakitale pamene likulu la dziko linkasamukira ku Lilongwe, ndipo njanji inafikitsidwa kumeneko. Poloti iliyonse ya m'dera lotere inadyapo msonkho wa anthu. N'chifukwa chake boma limaipereka pa mtengo wotsika poyerekeza ndi wa pamsika: likuyembekezera kuti phindu lake libwera kudzera mu ntchito za achinyamata, msika wa mbewu za alimi, misonkho ndi katundu wotumiza kunja.

Ndiye taganizirani munthu amene walandira poloti yotereyi n'kungoisunga. Chaka chilichonse mtengo wake ukukwera chifukwa cha msewu ndi magetsi zimene sanalipire yekha, komanso chifukwa cha mafakitale a anzake oyandikana nawo. Pakapita zaka khumi amaigulitsa mowirikiza kambirimbiri. Pa nthawi yonseyi mayi amene ali ndi makina okonzera mtedza akugwirira ntchito m'galaja ya nyumba yalendi ku Area 25 kapena ku Ndirande, akukangana ndi aneba chifukwa cha phokoso, ndipo akapita kukapempha malo amauzidwa kuti anatha. Malowo sanathe. Ali m'mafayilo a anthu amene alibe cholinga chomanga.

Masomphenya a Malawi 2063, amene anakhazikitsidwa mu Januwale 2021, anaika mafakitale kukhala imodzi mwa nsanamira zake zitatu. Nsanamira imeneyo singaime pa malo amene atsekeredwa m'mipanda. Pa mfundo iyi ine ndili kumbali ya boma mosabisa: wosunga poloti ya fakitale kuti adzagulitse mtengo ukakwera alandidwe.

Nanga ngati amene walephera ndi boma lomwelo? Kumalo kwanga kulibe msewu, magetsi ngakhale madzi.

Funso ili ndi lolemera, ndipo apa ndi pamene chilungamo chimayesedwa. Alipo anthu amene analipira development charges koma mpaka lero amafika pa poloti yawo podutsa m'minda. Alipo amene anapeza anthu ena akulima kapena atamanga kale pamalopo, ndipo kuwachotsa kunafuna milandu ya zaka. Alipo amene mapulani awo anagona m'maofesi miyezi yambirimbiri, kapena analipira thiransifoma n'kumadikira osaiona. Kumanga fakitale kumene kulibe magetsi n'kutaya ndalama, ndipo palibe banki imene ingakongoze munthu ndalama zochitira zimenezo.

Zaka zapitazi zinalinso zowawa kwa aliyense womanga. Mu Januwale 2022 namondwe wa Ana anawononga damu la Kapichira, dziko n'kutaya pafupifupi mamegawati 130, ndipo magetsi anazimazima mpaka siteshoniyo itayambanso kugwira ntchito mu 2023. Mu Meyi 2022 kwacha inatsitsidwa mphamvu ndi 25 peresenti, mu Novembala 2023 inatsitsidwanso ndi 44 peresenti. Amene anawerengera mtengo wa makina ochokera kunja mu 2021 anapeza kuti ndalama zakezo sizikukwananso, ndipo ngakhale amene anali nazo anavutika kupeza ndalama zakunja m'mabanki.

Komabe zifukwa ziwirizi sizilemera mofanana. Kusowa kwa msewu kapena kupezeka kwa anthu ena pamalopo ndi kulephera kwa wopereka malo, ndipo sikoyenera kuti iye alange mnzake chifukwa cha mbali ya pangano imene iye mwini sanakwaniritse. Kugwa kwa kwacha kunagwera aliyense, kuphatikizapo amene anamanga ndithu. Chingakhale chifukwa chopemphera nthawi yowonjezera, koma sichingakhale chifukwa chosungira malo mpaka kalekale.

Chofunika kwambiri ndi umboni. Ngati msewu kulibe, lembani kalata yodandaula nthawi isanathe, isindikizidwe chidindo cha tsiku limene yalandiridwa, ndipo musunge kope. Kudandaula pakamwa kwa ofisala m'khonde la ofesi sikulowa m'fayilo. Ofisalayo mawa asamutsidwa, ndipo wobwerayo adzangoona poloti yopanda kanthu ndi fayilo yopanda kalata.

Kodi boma lingangodzuka m'mawa n'kupereka poloti yanga kwa wina?

Malamulo salola. Gawo 28 la malamulo aakulu limaletsa kulanda munthu katundu wake mwachisawawa. Gawo 43 limapatsa munthu aliyense ufulu woti akuluakulu a boma akamapanga chiganizo chomukhudza atsate malamulo ndi ndondomeko yachilungamo, ndipo amupatse zifukwa zake polemba. Choncho payenera kukhala chidziwitso chonena pangano limene lasweka, mpata woti mwini lizi ayankhe kapena akonze cholakwikacho, kenaka chiganizo, ndipo pomaliza kusintha kwa m'kaundula. Kupereka poloti kwa munthu wachiwiri lizi ya woyamba isanathetsedwe mwalamulo ndiko kumabala milandu ya anthu awiri okhala ndi mapepala a malo amodzi.

Koma chenjerani ndi keyala. Chidziwitso chimatumizidwa ku keyala imene ili m'fayilo, ndipo nthawi zina mndandanda wa mapoloti umalengezedwa m'nyuzipepala. Anthu ambiri analembetsa bokosi la ku positi ofesi limene anasiya kulipira kalekale. Amene ali ku Johannesburg kapena ku Britain ndiwo amagwa m'mbuna imeneyi kawirikawiri, chifukwa amamva nkhaniyo poloti itapita kale.

Ndalandira kalata yochenjeza. Ndiyambire pati?

Yambani ndi kuwerenga tsiku lomaliza kuyankha, ndipo muyankhe polemba tsikulo lisanakwane. Lipirani ngongole ya renti ya malo ngati ilipo, chifukwa n'kovuta kupempha chifundo muli ndi ngongole ya zaka zisanu. Sonkhanitsani mapulani ovomerezeka, makalata a ESCOM ndi a bungwe la madzi, kalata ya banki, pangano ndi kontirakitala, malisiti a zipangizo ndi zithunzi za pamalopo. Pemphani nthawi yowonjezera yotchulika, monga miyezi 12, ndipo mufotokoze chimene chidzakhale chitamangidwa pofika nthawi imeneyo. Lonjezo la "tiyamba posachedwapa" a ku ofesi ya za malo analimva kambirimbiri.

Musapite kwa madobadoba amene amati akudziwa munthu m'katimo. Mukapereka ndalama kuti fayilo isowe kapena dzina lanu lichotsedwe pamndandanda, mwawonjeza mlandu wa ziphuphu pamwamba pa vuto la malo.

Ngati chiganizo chapangidwa kale ndipo mukuona kuti ndondomeko sinatsatidwe, onanani ndi loya msanga. Pempho loti Bwalo Lalikulu liunikenso chiganizo cha boma liyenera kuperekedwa pasanathe miyezi itatu. Bwalo litha kupereka chiletso kuti malowo asaperekedwe kwa wina mlandu uli m'kati. Ofesi ya Ombudsman nayonso imalandira madandaulo okhudza kusayendetsa bwino ntchito m'maofesi a boma, ndipo kumeneko salipiritsa.

Akandilanda, adzandipatsa chipukuta misozi?

Apa anthu amasokoneza zinthu ziwiri. Boma likatenga malo a munthu wosalakwa kuti limange msewu kapena sukulu, gawo 44 la malamulo aakulu limafuna kuti pakhale chidziwitso chokwanira, chipukuta misozi choyenera ndi mwayi wokadandaula ku khoti. Kulowanso pamalo chifukwa choti pangano lasweka ndi nkhani ina. Pamenepo musayembekezere kulipidwa mtengo wa pamsika wa malowo, chifukwa kutero kukanakhala kupereka mphotho kwa wosunga malo. Za ndalama zimene munalipira kale ndi zimene munamangapo, yankho lili m'mawu a pangano lanu, ndipo pakakhala kusamvana ndi khoti limene limagamula.

Poloti ndinaiika chikole ku banki. Zikatero ngongole imatha?

Siitha. Lizi ikathetsedwa chikole chimagwa, koma ngongole imatsala pamutu panu, ndipo banki idzayang'ana katundu wanu wina. N'chifukwa chake ndi bwino kuidziwitsa banki tsiku lomwe mwalandira chenjezo. Nayonso ili ndi chotaya, ndipo kalata yake yotsimikiza kuti ndalama zomangira zilipo imalemera kuposa malonjezo anu.

Bwanji ndingogulitsa poloti boma lisanafike?

Kusintha kwa lamulo kwa 2022 kunaletsa kugulitsa malo a lizi amene sanamangidwepo kanthu, ndipo cholinga chake chinali kutseka khomo lomweli. Kusamutsa lizi kumafunanso chilolezo cha mwini nthaka. Kwa inu ogula, wina akakutsatsani poloti ya fakitale pa mtengo wokoma n'kumakufulumizitsani, pitani kaye ku ofesi ya za malo mukafufuze m'kaundula. Onani dzina la mwini, ngongole ya renti, chikole ngati chilipo, ndiponso ngati chenjezo linatuluka kale. Mukagula lizi mwagulanso mapangano ake, ndipo zaka zimene mwini woyamba anawononga sizibwerera chifukwa choti dzina lasintha.

Amene waona kuti sangathe kumanga ali ndi njira ziwiri zaulemu: kubweza malowo yekha, kapena kupeza mnzake wa ndalama n'kupempha chilolezo choti achitire limodzi.

Kodi lamuloli limakhudzanso makampani akunja?

Limawakhudza, ndipo kwa iwo chingwe n'chachifupi. Amene si mzika amapatsidwa lizi yosapitirira zaka 50, ndipo njira yawo yopezera malo a bizinesi imadzera ku bungwe la boma loona za malonda la Malawi Investment and Trade Centre. Bungwe lomweli ndilo lakhala likutsogolera ntchito yokonza madera apadera a mafakitale ku Area 55 mu Lilongwe, ku Matindi ndi ku Chigumula mu Blantyre, ndi ku Dunduzu mu Mzuzu. M'madera atsopanowa ndi mmene mfundo yomanga pa nthawi yake iyenera kugwira ntchito kuyambira tsiku loyamba, matenda a m'madera akale asanalowemo.

Malo olandidwawo amapita kwa ndani?

Ili ndilo funso limene limachititsa anthu kukayikira ntchito yonseyi, ndipo kukayikako kuli ndi maziko. Pamapepala, malowo amabwerera kwa mwini nthaka kuti aperekedwe kwa wina amene ali wokonzeka kumanga. Koma ngati mndandanda wa olandidwa uli ndi mayina a anthu wamba okhaokha, pamene mapoloti a anthu amphamvu amene akhala thengo zaka makumi awiri sakukhudzidwa, ndiye kuti lamulo lasanduka chida. Ngati poloti yalandidwa Lolemba n'kupezeka Lachisanu ili m'dzina la mlamu wa wina wa mu ofesi, amenenso sadzamanga, dziko silinapindule kanthu. Langosintha dzina la wosunga malo.

Mankhwala ake si ovuta. Mndandanda wa mapoloti onse osamangidwa ulengezedwe poyera, ndi chaka chimene poloti iliyonse inaperekedwa. Kulanda kuyambire pa amene akhalitsa. Mapoloti obwezedwa alengezedwe kuti aliyense apemphe, ndipo opatsidwa adziwike pamodzi ndi zimene alonjeza kumanga ndi tsiku lomaliza. Amene waona zachinyengo pa kagawidwe ka malo akanene ku Anti-Corruption Bureau. Nduna kapena komishonala wa za malo amene angayambe ndi poloti ya munthu wa chipani chake adzakhala atachita zambiri kuposa machenjezo khumi a m'nyuzipepala.

Nanga anthu a m'mudzi amene anasamutsidwa kuti pabwere fakitale, fakitaleyo ikalephereka malo amabwerera kwa iwo?

Sizichitika zokha. Malo a makolo akatengedwa mwalamulo, chipukuta misozi n'kuperekedwa, amasanduka malo a boma, ndipo kampani ikalephera amabwerera ku boma, osati kwa amfumu. Izi zimapweteka, chifukwa anthu anavomera kusiya minda ndi manda a makolo awo atauzidwa kuti ana awo apeza ntchito.

Nkhani ya ku Singur, m'chigawo cha West Bengal ku India, imasonyeza kutalika kwa njira imeneyi. Mu 2006 boma la chigawocho linatenga pafupifupi maekala 1,000 a minda kuti kampani ya Tata Motors imange fakitale ya galimoto yotchedwa Nano. Alimi ambiri anakana, zionetsero zinakula, ndipo mu 2008 kampaniyo inasamukira ku Sanand m'chigawo cha Gujarat. Mu 2011 boma latsopano la Mamata Banerjee linapanga lamulo lotenganso malowo. Nkhani inazungulira m'makhoti mpaka mu 2016, pamene khoti lalikulu kwambiri la dzikolo linagamula kuti malowo anatengedwa mosatsata malamulo ndipo abwezedwe kwa alimi. Zaka khumi zinali zitapita, ndipo mbali ina ya nthakayo inali itathiridwa konkire ndi zinyalala za zomangamanga moti kulimanso kunali kovuta. Alimi sanapeze ntchito, ndipo minda anaipeza itawonongeka.

Kwa ife, nthawi yoteteza mudzi ndi pamene malo asanatengedwe. Mafumu ndi makomiti a za malo afunse kuti kampaniyo ili ndi ndalama zotani, imanga liti, ndipo ikapanda kumanga malowo adzatani. Mayankho ake alembedwe. Boma nalo lisatenge mahekitala mazanamazana pamene ntchito yoyamba ikufuna makumi awiri okha.

Kodi kwa anansi athu zimayenda bwanji?

Ku Zambia, lamulo la za malo la 1995 limati mwini lizi akaswa pangano apatsidwe chidziwitso cha miyezi itatu kuti afotokoze chifukwa chake malowo asalandidwe, ndipo akalandidwa atha kukadandaula ku bwalo la milandu ya malo lotchedwa Lands Tribunal pasanathe masiku 30. Ku Mozambique nthaka yonse ndi ya boma ndipo sigulitsidwa. Munthu amapatsidwa ufulu wogwiritsa ntchito malo wotchedwa DUAT, umene pa malo a bizinesi umayamba ndi chilolezo chongoyembekezera, cha zaka zisanu kwa mzika ndi zaka ziwiri kwa mlendo. Akapanda kuchita zimene analemba m'pulani yake popanda chifukwa chomveka, chilolezocho chimathetsedwa. Choncho wamalonda wa ku Chipata kapena ku Tete amakumana ndi mfundo yomweyi.

Amene anapatsidwa poloti anamwalira. Ana ake angataye malowo?

Angataye, chifukwa imfa siimitsa nthawi ya m'pangano. Mabanja ambiri amadziwa za poloti ya bambo awo pamene chenjezo latuluka, ndipo ena amatha zaka akukangana za amene aziyendetsa chuma cha masiye pamene renti ikuunjikana. Choyamba ndi kupeza makalata a khoti opatsa munthu mphamvu yoyendetsa chumacho, monga limanenera lamulo la chuma cha masiye la 2011, kapena kupita ku ofesi ya boma yoyendetsa chuma cha masiye ya Administrator General. Pamene zimenezi zikuyenda, lemberani ofesi imene inapereka malowo, muidziwitse za imfayo, muphatikize kope la chikalata cha imfa, mupereke keyala ndi nambala ya foni ya munthu mmodzi woimira banja, ndipo mupemphe kuti nthawi iwonjezedwe. Ngati poloti ili m'dzina la kampani osati la malemuyo, ndiye kuti mwini wake ndi kampaniyo, ndipo zoyenera kukonza ndi masheya ndi mayina a oyendetsa kampani ku ofesi yolembetsa makampani.